Msoko Uoneke: Momwe Mungapangire Kanema Woyesera ndi Foni Yanu Kuno ku Joni

Loweruka simungandipeze pakhomo. Ndimakhala ndili pa ukwati kapena pa chinkhoswe cha Amalawi anzathu, kaya ku Rosettenville, ku Cosmo City kapena ku Tembisa, kamera ili m'manja. Ndiyo ganyu imene imandilipirira lendi. Ntchito imeneyi ili ndi malamulo ake amene palibe anawalemba: mkwatibwi aoneke wowala, pa perekaniperekani maranda aoneke akuyoyoka, holo ioneke yodzaza ngakhale mipando yakumbuyo ilibe anthu. Kanemayo akafika kumudzi pa WhatsApp, anthu amati ku Joni zinthu zili bwino. Bodza sindinanene ayi. Ndangosankha koloza kamera.

Palinso chithunzi china cha ife, chimene amajambula ndi anthu ena. Mu Meyi 2008, ziwawa zolimbana ndi obwera zitayambira ku Alexandra n'kupha anthu 62, komanso mu 2015, dziko lonse linationa pa TV tili pamzere, bulangete pamapewa, zikwama zamizeremizere zija pamutu, tikudikira basi yobwerera kwathu. Chimenechonso n'choona. Koma mayi amene amadzuka 4 koloko m'mamawa, n'kukasintha tekisi ku Bree, n'kukhala tsiku lonse akusita malaya a eni ake ku Randburg, simumupeza pa chithunzi cha ukwati chija, simumupezanso pa chithunzi cha pamzere.

Zimenezi n'zimene zinandikokera ku mtundu wa kanema amene Azungu amati experimental film. Ine ndimangoti kanema woyesera. Telala wabwino amabisa msoko mkati mwa malaya, ndipo kanema wamba amachitanso chimodzimodzi: amabisa podulira, amabisa kuti pali munthu amene wagwira kamera, mpaka woonera amaiwala n'kumangoyesa akusuzumira pawindo. Kanema woyesera amatembenuza malayawo kuti msoko uoneke. Woonera amayamba kudzifunsa kuti, kodi ichi ndachiona ndekha, kapena pali amene wandilozera?

Musamve ngati ndi masewera a Azungu a ku yunivesite. Kuyambira 1948 mpaka 1963, bungwe la Central African Film Unit linkapanga makanema ku Salisbury, komwe lero ndi Harare, oti azionetsedwa m'midzi ya Nyasaland ndi ma Rhodesia awiri aja. Maganizo amene anali ofala pakati pa opanga makanema a atsamunda, amene William Sellers wa Colonial Film Unit ya ku London anawalimbikitsa kwambiri, anali oti munthu wakuda wa kumudzi sangatsatire kanema wodulidwadulidwa. Ankati zonse ziziyenda pang'onopang'ono, kamera isachite zachilendo, phunziro likhale limodzi. Ankanena zimenezi za anthu amene ali ndi Gule Wamkulu, kumene ngakhale mwana amadziwa kuti chilombo chikatuluka m'bwalo, nkhope yake, nyimbo yake ndi kavinidwe kake zikunena zoposa zimene maso akuona. Ndikaganiza zimenezi mtima umandiwawa, ndipo ndi chifukwa chake ndikufuna tigwire tokha kamera, tiisewere mmene tikufunira.

Sankhani kanthu kamodzi

Cholakwa choyamba cha aliyense ndi kufuna kujambula "moyo wa Mmalawi ku Joni". Mutu umenewo ndi waukulu kwambiri, ndipo mukauyamba mudzangobwereza zimene munaona pa TV. Sankhani kanthu kamodzi kamene mumakaona tsiku ndi tsiku. Manja a anthu akupatsirana ndalama m'tekisi kuchokera kumbuyo mpaka zifike kwa amene wakhala kutsogolo. Zala zimene anthu amakweza m'mbali mwa msewu poimitsa tekisi, chala chimodzi m'mwamba kutanthauza m'tauni. Masitima amene amangokhala ndandanda pansi pa Nelson Mandela Bridge, pakati pa Braamfontein ndi Newtown. Mthunzi wa Ponte, chinyumba chozungulira chija cha nsanjika 54, mmene umayendera pa madenga a ku Berea. Mapiri a dothi lachikasu lochokera m'migodi, mphepo ya Ogasiti ikamawaulutsa fumbi.

Kanema asapitirire mphindi zitatu. Nkhani yokhala ndi poyambira ndi pothera musavutike nayo. Khalani ndi funso limodzi lokha, mulilembe papepala. Langa loyamba linali lakuti: kodi munthu angadziwike ndi manja ake okha? Ndinapempha achemwali anga, mwana wa amalume, amene amagwira ntchito ya m'nyumba, kuti ndijambule manja awo akusita. Anavomera atanditsimikizira kawiri kuti nkhope isaoneke.

Kukhazika foni

Pukutani galasi la kamera ndi nsalu yofewa, chifukwa foni imakhala m'thumba ndipo mafuta a zala amachititsa chithunzi kukhala ngati chili mu nkhungu. Ikani foni pa airplane mode kuti wina asaimbe muli pakati. Igonekeni chopingasa. Miyendo itatu ya kamera ngati mulibe, njerwa ziwiri kapena kapu yolemera ndi labala zimagwira ntchito yomweyo. Chofunika n'chakuti foni isagwedezeke mpaka inu mutafuna kuti igwedezeke.

Kenako ilandeni foni ufulu wodzisankhira. Mukaisiya, imasintha payokha kuwala ndi fokasi, kutanthauza malo amene akuoneka bwino kwambiri pa chithunzi, ndipo nthawi zambiri imapsereza mbali zowala kapena kudetsa khungu lathu mpaka tsatanetsatane wa nkhope kapena dzanja kusowa. Pa mafoni ambiri, mukadina pa sikirini pamalo amene mukufuna n'kugwiritsa chala kwa masekondi angapo, fokasi ndi kuwala zimakhomeka. Dinani pa khungu, osati pa khoma loyera. Amene muli ndi Android mukhoza kuyesa pulogalamu yaulere ya Open Camera, imene imapatsa munthu mphamvu zambiri pa zimenezi.

Pali kanthu kena kamene ambiri sakadziwa. Magetsi a kuno, ngati a kwathu, ndi a 50 Hz, kutanthauza kuti amasinthasintha ka 50 pa sekondi, pamene mafoni ambiri amabwera atatchera kujambula zithunzi 30 pa sekondi. Ndi chifukwa chake mukajambula m'nyumba pansi pa mababu ena, chithunzi chimaphethira kapena kudutsa mizere yakuda. Foni yanu ikalola, itchereni pa 25. Koma poti tikupanga kanema woyesera, kuphethirako mukhozanso kukusiya dala. Ine ndinakusiya pa chigawo china chimene ndinajambula m'chipinda chogona anthu asanu ndi mmodzi, chifukwa diso la woonera limatopa nako monga amatopera amene amagona mmenemo.

Tsopano dinani kuti iyambe kujambula, ndipo musakhudze foni kwa mphindi yathunthu. Apa m'pamene ambiri amagonja. Chala chimayabwa kufuna kusuntha, kukoka chithunzi pafupi, kutsatira chimene chadutsa. Lekani. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo sindikudziwa malangizo ena a kanema oposa amenewa. Mmene ndaonera kwa anthu amene ndawaonetsa, masekondi oyamba munthu amangotchula dzina la chinthu: "manja, simbi, malaya". Kenako amatopa, amayamba kuyang'ana kumbali. Akapirira pang'ono, m'pamene amayamba kuona: nthunzi ikutuluka pa kolala, chala chaching'ono chimene chimadzikweza chokha kuthawa kutentha, chipsera chakale pafupi ndi mkono. Mu 1964 Andy Warhol, waluso wa ku America, analoza kamera pa chinyumba cha Empire State ku New York osaisuntha, ndipo kanemayo amatenga maola asanu ndi atatu. Inu mphindi imodzi ikukwanirani.

Kuwala kwabwino kuno ndi kwa m'mamawa ndi madzulo m'miyezi ya Juni ndi Julaye, dzuwa likakhala chapansi, utsi ndi fumbi zili mumlengalenga. M'tauni musajambule muli nokha. Mnzanu aime kumbuyo kwanu, chifukwa munthu amene maso ali pa sikirini saona amene akubwera kudzakwatula foni.

Lekanitsani khutu ndi diso

Ife amene tinakulira m'mavidiyo sho timadziwa kale chinsinsi ichi, kungoti sitinachiganizire. Filimu ya ku China kapena ya ku America ikaikidwa mawu a Chichewa ndi anyamata omasulira aja, imasanduka ina. Chithunzi n'chomwecho, koma munthu amene anali woopsa amakhala woseketsa, ndipo mzinda wachilendo umamveka ngati pa Ndirande. Khutu limauza diso choti lione.

Choncho mawu muwajambule padera. Tengani foni, pitani nayo pafupi ndi chimene chikumveka, mujambule mphindi ziwiri kapena zitatu za chinthu chimodzi: oitanira matekisi pa Noord, mvula ya matalala pa malata, makiyi a geti, mpando wa m'basi ukulira pa msewu wopita ku Beitbridge. Kukakhala mphepo, valikani foni sokosi yoyera. Mukafika polumikiza, zimitsani mawu amene anabwera ndi chithunzi, n'kuyesa ena.

Pa manja a achemwali aja ndinayesa mitundu itatu. Nditaika nyimbo ya kwaya, kanemayo anakhala ngati wa maliro, ndipo sindinafune kuti anthu awamvere chisoni. Nditaika phokoso la makina a pamalo omanga nyumba, manjawo anaoneka amphamvu, ngati a munthu wa mu mgodi. Kachitatu ndinaika voice note imene amayi awo anawatumizira kuchokera ku Ntcheu, yonena za mvula imene yachedwa ndi za mtengo wa feteleza, atandilola onse awiri. Pamenepo simbi ija inasiya kukhala simbi chabe. Nthawi iliyonse ikayenda pa nsalu, munthu umangomva ngati achemwaliwo akuwerenga matumba a feteleza. Ndinasankha yachitatu, koma phunziro lenileni linali kuona manja amodzimodzi akusintha katatu ine osakhudza chithunzi.

Yeserani nkhope imodzi

Cha m'ma 1920, mphunzitsi wa kanema wa ku Russia, Lev Kuleshov, anatenga chithunzi cha nkhope ya mwamuna yosaonetsa chilichonse, n'kuchilumikiza koyamba ndi mbale ya supu, kenako ndi mwana ali m'bokosi la maliro, kenako ndi mkazi atagona pampando. Nkhani imati oonera anayamikira mwamunayo kuti amadziwa kuonetsa njala, chisoni ndi chilakolako, chonsecho nkhope inali imodzi yomweyo.

Chitani zimenezi inuyo, musangozimva kwa ine. Jambulani nkhope yanu masekondi asanu, osaseka, osakwinya. Jambulaninso zinthu zitatu, chilichonse masekondi asanu: mbale ya nsima ndi usipa, pasipoti yotsegula, chithunzi cha mwana pa foni. Pangani timakanema titatu, nkhope kenako chinthu kenako nkhope. Muonetse anthu atatu osiyana, aliyense kake, n'kumufunsa kuti munthuyu akuganiza chiyani. Ine nditachita, wa nsima anati ndalakalaka kumudzi. Wa pasipoti anati ndili ndi mantha, masiku atha. Wa mwana anangoti, "Achimwene, mudzapita liti kukamuona?" Zoona zake n'zakuti pojambulapo ndinkangoyang'ana khoma.

Mukachita zimenezi kamodzi, nkhani za pa TV simudzazioneranso mmene munkazionera. Mudzayamba kuona kuti nkhope ya munthu wobwera aiika pafupi ndi chiyani: mulu wa zinyalala, galimoto ya apolisi, kapena mzere wa ku chipatala.

Za nkhope za anthu ena

Pano ndikufuna ndilankhule mosabisa, chifukwa ndinalakwitsapo. Ndikuyamba kumene, ndinajambula achimwene ena akugulitsa katundu m'mbali mwa msewu, n'kuika kachidutswa pa Facebook osawafunsa. Madzulo ake anandipeza kudzera mwa mnzanga. Sanakalipe. Anangoti, "Mphwanga, mapepala anga sali bwino, ndipo kumudzi amadziwa kuti ndimagwira ntchito mu shopu." Ndinachotsa nthawi yomweyo, koma anthu anali ataona kale. Mpaka lero ndikawakumbukira ndimachita manyazi.

Funsani musanajambule, nenani kumene kanemayo akaonetsedwe, ndipo mukamaliza kulumikiza muonetseni mwini wakeyo anthu ena asanaone. Akakana, zathera pomwepo. Ubwino wa kanema woyesera ndi wakuti safuna nkhope kuti anene zoona. Jambulani mthunzi pakhoma, mapazi pa masitepe a Park Station, chithunzithunzi cha munthu pa galasi la shopu kapena m'chithaphwi mvula itagwa. Mukhozanso kusokoneza fokasi dala kuti anthu akhale ngati mitundu yoyenda, mawu awo okha n'kumamveka bwino. Woonera akasowa nkhope yoti aiweruze, amakakamizika kumvetsera.

Pamene kamera singafike

Agogo anga aamuna anabwera kuno pa Wenela. Anali m'gulu la amene anabwerera kumudzi boma la Dr Banda litaletsa kulemba anthu a ku migodi, ndege itagwa ku Francistown mu Epulo 1974 n'kupha Amalawi oposa 70. Chithunzi chawo tili nacho chimodzi, atavala jekete ndi chipewa mu situdiyo. Cha pansi pa mgodi palibe. Nanga chinthu chimene palibe anachijambula mungachionetse bwanji?

Yankho ndinalipeza mumzinda momwe muno. William Kentridge, amene anabadwira ku Johannesburg mu 1955, amapanga makanema ndi makala. Amajambula pa pepala lalikulu, amapita pa kamera n'kutola chithunzi, amabwerera n'kufufuta pang'ono, kuwonjezera pang'ono, n'kutolanso. Pepala ndi lomwelo. Makala safufutika n'kutheratu, choncho chilichonse chimene chasuntha chimasiya mkwasa wotuwa kumbuyo kwake. Mu kanema wake wa 1991 wotchedwa Mine, chotsendereza khofi cha bwana chimaboola pansi n'kutsika mpaka kwa anthu a mu mgodi. Nditaona mikwasa yotuwa ija ndinati, kukumbukira kumaoneka chonchi. Nkhani za agogo zimafika kwa ine chimodzimodzi, zofufutikafufutika koma zosachoka.

Kuchita kwake n'kosavuta koma kumafuna mtima wautali. Matani pepala lolimba pakhoma ndi tepi. Khazikani foni moti isasunthe ngakhale pang'ono, ndipo khomani fokasi ndi kuwala. Gwiritsani babu limodzi, makatani otseka, chifukwa dzuwa limasintha. Makala ambaula omwewa amagwira, makamaka ofewa, pamodzi ndi chofufutira ndi kansalu. Jambulani, tolani chithunzi, sinthani pang'ono, tolaninso. Pulogalamu ya Stop Motion Studio imasanjikiza zithunzizo yokha. Mukatchera zithunzi 12 pa sekondi, masekondi khumi amafuna zithunzi 120, mphindi imodzi zithunzi 720. Ine masekondi makumi awiri a chikepe cha mu mgodi chotsika mumdima ananditengera Lamulungu awiri. Luso lojambula pamanja musade nalo nkhawa. Mzere umodzi woyera wotsika pa pepala lodetsedwa ndi makala unakwanira kuti amayi anga, nditawatumizira, akhale chete pa foni.

Ena anafika posiyiratu kamera. Mu 1963 Stan Brakhage wa ku America anamata mapiko a agulugufe a usiku, masamba ndi udzu pakati pa timizere ta tepi, n'kupanga kanema wotero. Inu mukhoza kuika pa galasi la windo chiphaso chakale cha basi, tsamba la jacaranda kapena kachidutswa ka chitenje, kuwala kukudutsa kumbuyo, n'kujambula pafupi kwambiri mpaka chinthucho chisadziwikenso.

Kudula ndi kulumikiza

Pa foni CapCut imakwana. Pa kompyuta pali Shotcut ndi DaVinci Resolve, zonse zili ndi mtundu waulere. Chenjezo langa ndi limodzi: zokongoletsa zimene mapulogalamuwa amabwera nazo, zithunzi zotembenuzika, nyenyezi zothwanima, nyimbo zokonzeratu, zisiyeni. Zimachititsa kanema wanu kufanana ndi wa wina aliyense. Dulani mowuma, chithunzi ichi chithe, icho chiyambe.

Zida zanu zenizeni ndi zochepa. Kubwereza: onetsani simbi ikutsika kasanu motsatizana, woonera amve kulemera kwa tsiku. Mdima: siyani sikirini yakuda masekondi anayi mawu akupitirira. Liwiro: mafoni ambiri amajambula zithunzi 120 kapena 240 pa sekondi, ndipo za 240 mukazionetsa pa 30, chinthu chimayenda pang'onopang'ono kasanu ndi katatu, moti khobidi lopatsirana m'tekisi limakhala ngati mwambo. Kubweza m'mbuyo: anthu otsika basi akhale okwera. Musagwiritse zonse pa kanema mmodzi. Sankhani chimodzi kapena ziwiri zimene zikuyankha funso lija munalemba papepala. Ndipo penapake lolani msoko uoneke ndithu: mthunzi wanu mutagwira foni, kapena mawu anu mukufunsa kuti "ndiyambe?" Mukamaliza, musaonetse tsiku lomwelo. Gonani, muonerenso mawa, mudzapeza kuti masekondi makumi atatu akhoza kuchoka.

Mukafuna kuona zimene ena akuchita, The Bioscope ku 44 Stanley imaonetsa makanema amene simungawapeze m'mamolo, Market Photo Workshop imene wojambula zithunzi David Goldblatt anayambitsa mu 1989 ili ku Newtown ndipo imakhala ndi zionetsero za zithunzi, ndipo ku Maboneng kuli The Centre for the Less Good Idea, malo a zaluso amene Kentridge anayambitsa mu 2016. Lowani, musadziderere.

Kuonetsa

Musathamangire kutumiza pa WhatsApp. Pa foni munthu amadumpha chinthu chikangochedwa masekondi atatu, ndipo kanema wotere amafuna mdima ndi anthu okhala pamodzi. Bwerekani pulojekita, pachikani nsalu yoyera ya pabedi, pezani sipika yabwino chifukwa theka la ntchito yanu lili m'mawu. Onani ndandanda ya kuthima kwa magetsi. Musafotokoze chilichonse musanayambe. Akatha, musafunse kuti "mwamva tanthauzo lake?" chifukwa anthu amayesa ndi mayeso ndipo amakhala chete. Funsani kuti "mwaona chiyani?" kenako tsekani pakamwa.

Wa manja uja ndinamuonetsa m'galaja ku Rosettenville, titatuluka ku tchalitchi, anthu ngati makumi awiri atakhala pa makreti ndi mipando ya pulasitiki. Atatha panali zii. Kenako bambo ena achikulire anati, "Achimwene, ntchito mwagwira, koma mwini manjawa bwanji simunationetse? Tidziwa bwanji kuti ndi ndani?" Ndisanayankhe, mayi ena kumbuyo anaimirira n'kukweza mkono wawo m'kuwala kwa pulojekita, mthunzi wake n'kugwera pa nsalu. "Bambo, nkhope mukuifuniranji? Chipsera icho n'cha simbi. Changa ndi ichi." Amayi ena awiri anapinda manja a malaya awo n'kuonetsana. Achemwali anga anali pomwepo pakona, sananene kanthu. Anthu anapempha kuti timubwereze, ndipo kachitatu mayi aja anati ndizimitse sipika, akufuna aone manja okha.